Vera Glagoleva ndi Dzina la Ntchito Yake

Wophunzira wina wa zisudzo, pofotokoza m'Chichewa mbiri ya mayi Vera Glagoleva, katswiri wa mafilimu wa ku Russia amene anabadwira ku Moscow m'chaka cha 1956 namwalira ku Germany m'chaka cha 2017, analemba kuti mayiyo "anasiya kusewera nakhala wojambula". Ndipo ngakhale mwanayo sanalakwe dala, pakuti anangotola mawu amene amamveka tsiku ndi tsiku pakamwa pa anthu, chiganizo chakecho chinasokoneza ntchito zitatu zosiyana zimene mayiyo anazigwira m'moyo wake.

Za kusewera sindichulutsa mawu. Mwana amasewera padothi, mnyamata amasewera mpira, koma Glagoleva, mtsikana wodziwa kuponya mivi amene Rodion Nakhapetov anamtenga wosapita kusukulu ya zisudzo namuika mu filimu ya Na kray sveta mu 1975, ndi amene owerenga magazini ya Sovetsky Ekran anadzamsankha kukhala wopambana pa akazi onse a m'mafilimu mu 1986, tiyenera kumutcha wazisudzo, ngakhale ambiri a ife tikamva dzinali timayamba taganiza za anthabwala.

Povuta ndi pa ntchito imene anayamba mu 1990 ndi filimu ya Slomanny svet. Wojambula ndi iye wogwira kamera, ndipo ali nawo ulemu wake. Koma pali wina amene amasankha azisudzo, nalamula poima kamera, nauza mayi wolira kuti abweze misozi kufikira mphindi yoyenera, natsiriza ndi kugamula chimene chikhale ndi chimene chitayidwe. Munthu ameneyu timutcha yani? Ena amati wotsogolera, koma dzinali lavala anthu ambiri, kuyambira wotsogolera mapemphero kufikira wotsogolera msonkhano wa alimi. Ena amati mkonzi, koma mkonzi anapita kale kunyuzipepala, ndipo mu filimu momwemo muli mkonzi wina wodula ndi kulumikiza zithunzi. Enanso amamphatikiza ndi mlembi, ndipo apa mpamene moyo wa Glagoleva umatiweruza bwino: nkhani ya Zakaz ya mu 2005 anatengapo mbali iye mwini poilemba, pamene nkhani ya Odna voyna ya mu 2009 inalembedwa ndi Marina Sasina. Filimu yachiwiriyi ikunena za akazi amene anabala ana ndi asilikali a ku Germany pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, natumizidwa kuchilumba cha kumpoto pamodzi ndi makanda awo monga anthu opalamula. Ndipo ngati woonera amatuluka ali ndi chifundo pa akaziwo m'malo mwa kuwaponya miyala, ndi chifukwa cha dzanja la iye amene anaumba zolembedwazo kuti zikhale nkhope, mawu ndi kukhala chete. Chomwechonso mu 2014, pamene anatenga sewero lakale la Ivan Turgenev napanga Dve zhenshchiny, mlembi woyamba anali atagona m'manda zaka zoposa 130, koma panafunikabe munthu woti aimike Ralph Fiennes, Mngelezi, kuti alankhule Chirasha pamaso pa kamera.

Ine mtima wanga uli pa mawu a makolo, ndipo mlembi ndi wazisudzo sindingawasinthanitse ndi mawu achilendo. Koma pa ntchito yachitatuyi ndiona kuti tilandire dzina limene eni ntchito amaitanirana kale, ndilo dayirekita. Akuluakulu anati mlendo ndi amene amadza ndi kalumo kakuthwa. Anthu a kwawo kwa Glagoleva, amene chilankhulo chawo chili ndi mabuku osawerengeka, amamutcha rezhissyor, liwu limene anabwereka ku Chifalansa, ndipo Chirasha sichinachepe nalo. Ifenso tinalandira sukulu, buku ndi filimu yomweyo, nazikhala zathu. Ndimva odandaula kuti dayirekita amakumbutsa bwana wa pa ofesi, ndipo dandaulo lawo ndi loona. Koma tikati dayirekita wa filimu palibe wosokera, pamene tikati wojambula timalanda ntchito ya wina.

Chimene chimandimvetsa chisoni ndi chizolowezi chathu choyembekeza kuti mawu atsike kuchokera kumwamba, chizolowezi chimene chinazika mizu m'masiku a Chichewa Board, imene inakhazikitsidwa mu 1972, ndipo sichinathe pamene Centre for Language Studies inalowa m'malo mwake mu 1996. Komatu mafilimu sakudikira akatswiri a zilankhulo: mayi Joyce Mhango Chavula, amene anayenda njira yofanana ndi ya Glagoleva kuchokera pa uzisudzo, analandira mphoto ku Nigeria mu 2016 chifukwa cha filimu yawo ya Lilongwe. Ndipempha iwo amene amasamala mtanthauziramawu wathu kuti apite kumene mafilimu akujambulidwa, akakhale pansi ndi eni ntchito, akamve mayina amene amaitanirana, ndipo akawalembe m'buku monga momwe awamvera.