Mpando wa Eklezia Katolika mu Lusaka ndi Amene Anakhalapo

M'caka ca 1969 munacitika cinthu mu Lusaka cimene sicioneka kawiri-kawiri pakati pa anthu a maudindo. Mkulu wa Eklezia Katolika mu mzindawo, Ambuye Adam Kozłowiecki, anatula pansi udindo wao ali ndi zaka 58 cabe, popanda wowapitikitsa. Lamulo la Eklezia lipempha Bishopu kutula udindo akafika zaka 75. Cotero iwo akadatha kukhalabe pa mpando zaka zina 17. Koma dziko la Zambia linali litalandira ufulu wace mu 1964, ndipo iwo anaona kuti mpando umenewo uyenera mwana wa m'dziko. Kuti munthu azindikire kulemera kwa cimene anacitaco, ayambe wadziwa kumene mpandowo unacokera, ndi mabvuto amene anaugwera pambuyo pace.

Mishoni zoyamba

Ansembe amene anayamba nchito m'dera lino anali a Cipani ca Yezu, ochedwa Ajezuiti. M'caka ca 1905 Bambo Joseph Moreau, wa ku France, anamanga mishoni ya Chikuni pakati pa Atonga, ndipo akumbukika kufikira lero cifukwa anaphunzitsa anthu kulima ndi ng'ombe. Pa nyengo yomweyo mnzao, Bambo Jules Torrend, katswiri wa zinenero za anthu akuda, anakhazika mishoni ya Kasisi. Masiku amenewo Lusaka sunali mzinda konse, koma malo ang'ono oimapo sitima pa njanje yatsopano, ochedwa ndi dzina la nyakwawa Lusaaka.

Gulu lina la Ajezuiti linalowera kum'mawa, ndipo linadza mothawa. Mu 1910 Apwitikizi anacotsa mfumu yao ku Portugal, ndipo Boma latsopano linapitikitsa Ajezuiti m'maiko ace onse, ndi ku Mozambique komwe. Ansembe amene anali ku Miruru anaoloka mtsinje wa Luangwa namanga Kapoche ndi Katondwe. Kuyambira mu 1912 Ajezuiti a ku Poland ndiwo anasenza nchito ya mishoni zimenezi, ndipo mu 1914 anatsegula Chingombe m'cigwa ca Luano, kumene munthu anali kufika ndi miyendo, atatsika mapiri obvuta. Mu 1928 asisitere a ku Poland anafika pa Kasisi, kumene analera ana amasiye. Ici ndico cifukwa cace maina a ku Poland aculuka m'mbiri ya Akatolika a ku Lusaka.

Mpando utsata anthu

Pamene ansembe anali kumanga mishoni m'midzi, anyamata a m'midzimo anali kucoka kunka ku nchito. Pa Broken Hill, pamene lero pachedwa Kabwe, miyala ya mtobvu ndi zinki inapezeka mu 1902, ndipo njanje inafikapo mu 1906. Komboni ya mgodi inadzala ndi anthu a mitundu yambiri, ena obatizidwa kale kwao, osowa wowacitira Misa. Tsono pa 14 July 1927 Papa Pius XI anapatula dziko lalikulu nalicha dera la Eklezia la Broken Hill. Woyang'anira wace anali Bambo Bruno Wolnik, Mjezuiti, amene anali ndi ulamuliro pa ansembe onse a m'deramo ngakhale sanali Bishopu. Motero mpando umene lero uli mu Lusaka unayamba kuima m'tauni ya mgodi.

Dera limeneli linakula koposa mphamvu ya ansembe ocepa aja, maka-maka pamene migodi ya mkuwa inatseguka ku Luanshya, Nkana, Mufulira ndi Nchanga. Anafunika anchito ena. Afransisko a ku Italy anadza nayamba pa Bwana Mkubwa, ndipo mu 1938 Ndola inakhala dera la payokha pansi pa Bambo Francis Mazzieri. Akapucini a ku Ireland anatenga dziko la kumwera ndi kumadzulo, limene linapatulidwa mu 1936 ndipo pambuyo pace linakhala dayosizi ya Livingstone. Boma nalonso linasamutsa likulu lace kucoka ku Livingstone kudza ku Lusaka mu 1935. Anthu anathamangira ku likulu latsopanolo, ndipo mu 1946 dera la Broken Hill linasinthidwa dzina nilichedwa Lusaka. Kumene kunapita anthu, mpando unapita komweko.

Mkaidi amene anakhala Arkibishopu

M'caka comweco ca 1946 pa Kasisi panafika wansembe wa zaka 35 wocokera ku ukaidi. Adam Kozłowiecki anabadwa ku Poland mu 1911, nadzozedwa unsembe mu 1937. Nkhondo yaikulu yaciwiri itayamba, apolisi a Hitler anamgwira mu mzinda wa Kraków mu November 1939. Anampereka ku msasa wa Auschwitz mu 1940, ndipo pa kutha kwa caka cimeneco anamtumiza ku Dachau, kumene ansembe ambiri anafa ndi njala, nthenda ndi nchito ya kalabvula gaga. Asilikali a ku America anamasula msasawo pa 29 April 1945. Atakhala m'ndende zaka zisanu ndi theka, akulu a cipani cace anampempha kudza ku Northern Rhodesia, ndipo anabvomera.

Pa Kasisi anagwira nchito ya masukulu. Mu 1950, Bambo Wolnik ataleka, iye anapatsidwa kuyang'anira dera lonse. Mu 1955 anadzozedwa kukhala Bishopu. Ndipo pa 25 April 1959 Papa John XXIII anakweza Lusaka kukhala Arkidayosizi, Ambuye Kozłowiecki nakhala Arkibishopu woyamba. Arkibishopu salamulira mabishopu anzace monga mfumu yaikulu ilamulira nyakwawa zace, pakuti Bishopu ali yense ayankha kwa Papa. Koma ali ngati mkulu pakati pa abale, wowaitana ndi kuwatsogolera pa zokambirana.

Zaka zimenezo zinali za Citaganya ca Rhodesia ndi Nyasaland, pamene munthu wakuda anali kugula nyama pa zenera, Mzungu nalowa pa khomo. Munthu amene anaona ndi maso ace kumene tsankho la mtundu lifikitsa anthu sakadakhala cete. Mu 1958 iwo pamodzi ndi mabishopu anzao analemba kalata kwa Akatolika a mitundu yonse yotsutsa kusankhana khungu, ndipo si Azungu onse amene anakondwera nayo. Mu 1961 anayambitsa cipani ca asisitere a m'dziko muno, ochedwa Adzakazi a Maria Virigo Woyera, ndipo m'caka comweco anasankhidwa kukhala wa pa mpando woyamba wa bungwe la mabishopu a kum'mawa kwa Afrika. Anakhalanso nao pa msonkhano waukulu wa Vatican wa 1962 kufikira 1965. Akulu akale anati mlendo ndi mame, sacedwa kukamuka. Ambuye Kozłowiecki sanakamuke m'dziko. Cimene anasiya ndi mpando wokha. Atatula udindo mu 1969 anabwerera ku nchito ya wansembe wamba, nayamba ku Chingombe, mishoni ya kutali ija.

Mwana wa m'dziko ndi mayesero ace

Amene analowa m'malo mwao anali Bambo Emmanuel Milingo, wobadwira kwa Mnukwa m'boma la Chipata mu 1930. Anthu ambiri anali kudziwa mau ao asanaone nkhope yao, pakuti anali kulankhula pa wailesi m'dzina la Eklezia. Papa Paul VI anawadzoza yekha ku Kampala pa 1 August 1969, pa ulendo woyamba wa Papa m'Afrika wa masiku ano. Cimwemwe ca Akristu cinali cacikulu. Ambuye Milingo anayambitsa cipani cina ca asisitere, Ana Akazi a Mpulumutsi, ndipo analimbikira kuti mapemphero acitike m'njira yomveka kwa anthu a kuno.

Kuyambira mu 1973 anayamba kupempherera odwala ndi kuturutsa mizimu yoipa, ndipo makamu a anthu anali kudza kwa iwo. Pamenepo Eklezia wa ku Lusaka anagawanika. Ena anati m'busa wayankha zowawa zimene anthu anali kubisira ansembe Acizungu, kunka nazo usiku kwa sing'anga. Ena, pakati pao ansembe ndi mabishopu, anati zimenezi zikulitsa mantha a ufiti, ndiponso nchito ya kuyendetsa dayosizi yatsalira. Mu 1982 anaitanidwa ku Roma, ndipo mu 1983 anatula udindo, napatsidwa nchito komweko. Akristu ambiri mu Lusaka anawawidwa mtima, poganiza kuti mwana wao waweruzidwa ndi alendo. Zotsatira zace zinali zacisoni koposa: mu 2001 anakwatira pa mwambo wa mpingo wa Sun Myung Moon, mu 2006 anadzoza mabishopu anai popanda cilolezo ca Papa, napatulidwa mu Eklezia, ndipo mu 2009 anacotsedwa pa unsembe.

Omanganso nyumba

Nchito ya kugwirizanitsa anthu ogawanikawo inagwera Ambuye Adrian Mung'andu, amene anacokera ku Livingstone mu 1984. M'nthawi yao Papa John Paul II anaceza m'Zambia mu May 1989, nacita Misa ku Kitwe pakati pa anthu a ku migodi, ndi ku Lusaka pa bwalo limene tsopano lichedwa Pope Square. Mu 1990 mtengo wa ufa unakwera, cipolowe cinabuka mu Lusaka ndipo anthu anafa. Mabishopu analemba kalata yonena poyera za umphawi ndi za kayendetsedwe ka dziko, caka cimodzi cisanafike cisankho ca zipani zambiri ca 1991.

Mu 1996 anadza Ambuye Medardo Joseph Mazombwe, amene anali Bishopu wa Chipata kuyambira mu 1971. Iwo anacita khama pa mfuu yakuti ngongole zimene Zambia anali nazo kwa maiko olemera zikhululukidwe, pakuti ndalama zoyenera zipatala ndi masukulu zinali kuthera ku ciwongola dzanja. Ndipo kuyambira mu 2005 gawo lalikulu la ngongolezo linafafanizidwa. Anamanganso chalichi cacikulu ca Mwana Yezu pa bwalo lija la Papa, cimene cinadalitsidwa mu 2006. Mu 2010 Papa Benedict XVI anawakweza kukhala Kadinala, woyamba wobadwira m'Zambia. Anamwalira mu 2013.

Ambuye Telesphore George Mpundu, amene anakhala pa mpando kuyambira 2006 kufikira 2018, anachuka ndi kudzudzula Boma mosaopa, ndipo andale anawabwezera mau owawa. Mutu ukakula sulewa nkhonya. Mu 2018 Papa Francis anasankha Ambuye Alick Banda, mwana wa ku Mufulira, amene anali atakhala Bishopu ku Solwezi ndi ku Ndola. Ndipo Kabwe, pamene mpando unayamba kuima, analandira Bishopu wace-wace mu 2011.

Nkhalamba ya ku Mpunde

Zonsezi, kufikira mu 2007, munthu mmodzi anazipenya ali ku mudzi. Ambuye Kozłowiecki anakhala zaka 38 atatula udindo, naona anthu anai akukhala pa mpando umene iwo anausiya. Pa zaka zobvuta zija za 1982 ndi 1983 sanabwerere ku mpandowo. Woyang'anira dayosizi pa kanthawi anali Ambuye Elias Mutale a ku Kasama. Zaka zao zotsiriza anakhala pa mishoni ya Mpunde, pafupi ndi Kabwe, ali kubatiza ana ndi kumva maulapo monga wansembe ali yense. Mu 1998 Papa John Paul II, mnzao wa ku Poland, anawapatsa ulemu wa Ukadinala. Analandira cisoti cofiira ku Roma, nabwerera ku Mpunde.

Anthu a ku nchito adziwa kuti kusiya udindo kubvuta koposa kuulandira, ndi kuti kapitao wopuma kawiri-kawiri safuna kumvera amene anali mnyamata wace. Mbiri ya Arkidayosizi ya Lusaka ionetsa kuti kupereka mpando kwa ana a m'dziko sikunapite kopanda misozi. Koma ionetsanso kuti amene anaupereka anaupereka ndithu, osagwirako mwendo umodzi. Anamwalira mu Lusaka pa 28 September 2007 ali ndi zaka 96, atakhala m'dziko lino zaka 61, ndipo anaikidwa pa chalichi ca Mwana Yezu, cimene anamanga wolowa m'malo mwao wacitatu.