Akazi a ku Liwonde Nkhondo Zitatha

Liwonde ndi doko limene apaulendo akhala akuwolokerapo mtsinje wa Shire kuyambira kalekale. Kum'mawa kwake kuli mapiri a Machinga ndi Chikala, kumadzulo kuli chigwa cha Balaka. Malowa anatenga dzina la mfumu ya Chiyao imene inakhazikika pamenepo m'zaka za m'ma 1800, nthawi imene Ayao ankalowa m'dziko muno kuchokera ku Mozambique.

Masiku amenewo anali a mfuti ndi goli. Mafumu monga Liwonde, Kawinga, Jalasi ndi Mponda ankatumiza maulendo kugombe la nyanja yamchere, ku Kilwa ndi ku Quelimane. Amtengatenga ankapita atasenza minyanga ya njovu, nabwerako ndi nsalu, mikanda ndi wonga. Pamodzi ndi minyangayo ankagulitsanso anthu ogwidwa pankhondo. Koma si onse amene ankafika kugombe ayi. Akazi ambiri ankasungidwa pamudzi pomwepo kuti akhale adzakazi.

Chifukwa chake chili m'mwambo. Pakati pa Ayao ndi Amang'anja, mwamuna akakwatira amapita chikamwini kwawo kwa mkazi, ndipo ana amene wabala sakhala ake, koma a mbumba ya mkaziyo. Mwini wawo ndi malume. Tsono mdzakazi analibe mlongo womuyankhulira, ndipo ana ake analibe malume wodzawatenga. Anawo ankakhala a atate awo, osachoka pamudzi. Motero munthu wofuna kukuza mudzi wake kuti atchedwe mfumu ankasonkhanitsa adzakazi monga momwe wina asonkhanitsira mbuzi m'khola. Mkazi wotere ankalima, kusinja, kutunga madzi ndi kubereka, koma akalakwiridwa analibe nkhoswe yoti imuimire pabwalo.

M'chaka cha 1891 Angerezi anatenga ulamuliro wa dziko lino, ndipo Harry Johnston anayamba kuthira nkhondo mafumu ogulitsa anthu, mothandizidwa ndi asilikali ochokera ku India. Anamenyana ndi Liwonde mu 1893, namanga linga pafupi ndi doko lija. Mu 1895 Kawinga anagonjetsedwa paphiri la Chikala, ndi Jalasi paphiri la Mangochi. Malonda a akapolo anathera pomwepo.

Mabuku a mbiri amatchula maina a mafumu ndi a akulu a nkhondo, koma pa za adzakazi aja amangoti anamasulidwa. Mawuwo ndi opepuka kulemba. Mwamuna womasulidwa akanatha kukafuna ntchito kumishoni kapena kuminda ya Azungu. Nanga mkazi amene anagwidwa ali kamtsikana, kwawo kutatenthedwa, iye atabereka kale ana pamudzi wa mbuye wake, akanalowera kuti? Ambiri anangokhala pamene anali, nalima munda womwewo. Ngakhale patapita zaka 50, Mzungu wina wofufuza miyambo, J. Clyde Mitchell, atakhala m'midzi ya Ayao ya dera lino, anapeza kuti anthu ankadziwabe mabanja amene anachokera kwa adzakazi. Analemba zimenezi m'buku lake la mu 1956.

Boma latsopanolo linadza ndi msonkho wa nyumba. Pofuna ndalama, amuna anayamba kupita ku Salisbury ndi kumigodi ya ku Joni, ndipo ena anasanduka machona. Mkazi ndiye ankatsala ndi nyumba yokhomeredwa msonkhoyo. Nthawi zina mwamuna akapanda kulipira, amithenga a boma ankagwira mkazi wake ngati chikole kufikira ndalama itaoneka. Kusukulu nako mtsikana ankabwera pambuyo. Makolo achisilamu ankaopa kuti sukulu za mishoni ziwalanda ana awo chipembedzo, ndipo pamene analola kutumizako mwana, ankayamba ndi wamwamuna.

Pankhondo yolimbana ndi Chitaganya akazi sanakhale m'mbuyo. Mayi Rose Chibambo anasonkhanitsa amayi m'bungwe lawo la Congress, ndipo mu 1959 anatsekeredwa m'ndende ya Zomba ali ndi khanda kumanja. Iwo ndiwo mkazi woyamba kupatsidwa udindo wothandizira nduna m'dziko lino. Koma ufulu utangofika mu 1964, nduna zinayambana ndi Dr Kamuzu Banda, ndipo Mayi Chibambo anachotsedwa, nathawira ku Zambia kumene anakhala kufikira 1994. Mkangano womwewo unafikanso pa Liwonde. Usiku wa pa 12 February 1965, Henry Masauko Chipembere ndi anthu ake analanda boma la Fort Johnston, nayamba ulendo wa ku Zomba. Atafika padoko anapeza chombo chowolotsa magalimoto chili tsidya lina, ndipo nkhondoyo inalephera.

Zitatero, Dr Banda anatcha akazi onse a m'Malawi mbumba yake, nadzitcha yekha nkhoswe yawo. Anabwereka mwambo wakumudzi uja, umene mbumba imasungidwa bwino koma woyankhula ndi wina. Amayi ankavala nsalu ya chipani ndi kuvina pamisonkhano, ndipo lamulo la mu 1973 linawaletsa kuvala mathalauza ndi madiresi aafupi. Lamulolo linathetsedwa mu 1993.

Malamulo aakulu a dziko a mu 1994 ndiwo anayamba kutchula mkazi payekha. Ndime 24 imati mkazi, kaya ndi wokwatiwa kaya ndi mbeta, ali ndi ufulu wopeza ndi kusunga chuma chake, wochita mapangano, ndi wolandira gawo loyenera la katundu banja likatha. Pambuyo pake panadza lamulo loletsa nkhanza za m'banja mu 2006, loletsa kulanda chuma chamasiye mu 2011, ndi loti pasakhale tsankho pakati pa amuna ndi akazi mu 2013. Mu 2012 Mayi Joyce Banda, a kwa Malemia ku Zomba, mtunda wosatalika kuchokera pa Liwonde, anakhala mtsogoleri wa dziko kwa zaka ziwiri.

Chimene chinachedwa koposa ndi nkhani ya mwana wamkazi. Malamulo a mu 1994 aja ankalolabe mtsikana wa zaka 15 kukwatiwa ngati makolo avomera, ndipo m'midzi ya Machinga maukwati otere anali ochuluka. Kafukufuku wa boma wa mu 2015 ndi 2016 anaonetsa kuti m'dziko lonse, pa akazi 100 a zaka 20 mpaka 24, akazi 42 anakwatiwa asanakwanitse zaka 18. Mu February 2017 aphungu a Nyumba ya Malamulo anafafaniza mawu olola makolo aja. Kuyambira pamenepo palibe bambo, mayi kapena malume amene lamulo limamupatsa mphamvu yopereka mtsikana wosakwana zaka 18 kubanja.