Mphatso za Pretoria: South Africa, Malawi ndi Lesotho, 1966 mpaka 1994

M'mwezi wa Seputembala 1966 John Vorster adalowa pa mpando wa Nduna Yaikulu ya South Africa, Hendrik Verwoerd atabayidwa ndi mpeni m'nyumba ya malamulo ku Cape Town. Dziko limene adayamba kulilamulira lidali lolemera koposa maiko onse a kumwera kwa Africa. Lidali ndi golide, daimondi, mafakitale, njanji ndi madoko, koma lidali losowa abwenzi. Kaamba ka malamulo ake a tsankho, lidatuluka m'bungwe la Commonwealth mu 1961, ndipo bungwe la Organisation of African Unity, limene lidakhazikitsidwa mu 1963, lidapempha maiko onse a mu Africa kuti asachite nalo malonda kapena kutumizako akazembe. Tsono Vorster adaganiza zofuna abwenzi pakati pa maiko osauka oyandikana nalo, ndipo chida chake chidali chuma.

Akale adati kupatsa n'kuika. Boma la Pretoria lidapatsa ndithu, ndipo zina mwa zimene lidapatsazo zikuonekabe mpaka lero. Koma lidapatsa likuyembekeza kudzatola, ndipo chimene linkafuna kutola chidali kuzindikiridwa ndi anthu akuda odzilamulira okha. Mbiri ya Malawi ndi ya Lesotho ikusonyeza m'mene malondawo adayendera.

Pamene Malawi adalandira ufulu pa 6 Julayi 1964, adali dziko lopanda doko, lopanda migodi, ndiponso lodalira Britain kuti itseke chipereŵero cha ndalama zoyendetsera boma chaka ndi chaka. Katundu wake ankadzera ku Beira, m'dziko la Mozambique, limene panthawiyo lidali m'manja mwa Apwitikizi. Amuna ake zikwi zambiri ankagwira ntchito ku Rhodesia ndi ku Joni. N'chifukwa chake pa msonkhano wa atsogoleri a mu Africa ku Cairo m'mwezi womwewo, Dr. Hastings Kamuzu Banda adanena poyera kuti malo amene Malawi ali sadzamlola kudula ubale ndi maboma a azungu a kumwera.

Mu Malichi 1967 nduna za Malawi zidapita ku South Africa kukasainira pangano la zamalonda, ndipo mu Seputembala chaka chomwecho maiko awiriwa adalengeza kuti adzasinthana akazembe. Panalibe dziko lina la anthu akuda lodzilamulira limene lidachita chotere kufikira zaka zomaliza za tsankho. Zipatso zake sizidachedwe. Dr. Banda ankafunitsitsa kusamutsa likulu la dziko kuchoka ku Zomba kupita ku Lilongwe, ponena kuti chitukuko chidaunjikana m'chigawo cha kumwera. Angerezi adakana kupereka ndalama za ntchitoyo, poiona ngati yosafunika msanga. South Africa idavomera. Mu 1968 idapereka ngongole ya R8 miliyoni ya gawo loyamba la ntchito, ndipo akatswiri ake adathandiza kujambula mapulani a mzindawo. Lilongwe adakhala likulu mu 1975. Ngongole ina ya R11 miliyoni, yochokera ku Industrial Development Corporation, idamanga njanji ya makilomita pafupifupi 100 kuchokera ku Nkaya kufika ku Nayuchi, kulumikiza Malawi ndi doko la Nacala. Njanjiyo idatsegulidwa mu 1970.

Nanga Pretoria idatolapo chiyani? Mu Meyi 1970 Vorster adafika ku Malawi, nalandiridwa ndi ulemu wonse. Mu 1971 Joe Kachingwe adakhala kazembe woyamba wakuda ku South Africa. Mu Ogasiti chaka chomwecho Dr. Banda adayendera dzikolo monga mlendo wa boma, woyamba mwa atsogoleri a maiko a anthu akuda kuchita chotere, ndipo Pulezidenti Jim Fouché adabweza ulendowo mu 1972. Zithunzi za maulendowa zidali zamtengo wapatali kwa boma limene linkafuna kuuza maiko a ku Ulaya ndi America kuti Aafirika enieni angathe kukhala nalo pa mphasa imodzi. Pamene msonkhano wa OAU ku Addis Ababa mu Juni 1971 udakana maganizo okambirana ndi Pretoria, Malawi adali mmodzi mwa maiko ochepa amene sadagwirizane ndi chigamulocho.

Dr. Banda, amene ali mnyamata adagwirapo ntchito pa mgodi wina pafupi ndi Johannesburg, ankati kunyanyala ndi kutukwana sikungagwetse tsankho, koma kuyenderana kungafewetse mitima ya azungu pang'onopang'ono. Omutsutsa, makamaka ku Tanzania ndi ku Zambia, ankati wagulitsa abale ake a ku Soweto pa mtengo wa nyumba za boma. Zambia idatsata njira ina: idalandira ngongole ya China yomangira njanji ya TAZARA, ya makilomita 1,860, imene idamalizidwa mu 1975.

Chingwe china chomanga maiko awiriwa chidali cha anthu. Pofika 1973 Amalawi oposa 100,000 adali m'migodi ya ku South Africa, ambiri a iwo atalembedwa ndi Wenela, ndipo gawo la malipiro awo linkatumizidwa kumudzi kudzera m'boma. Mu Epulo 1974 ndege ya Wenela idagwa ku Francistown, m'dziko la Botswana, nipha Amalawi 74 amene ankabwerera kwao. Dr. Banda adaletsa kulemba anthu pompo. Eni migodi adavutika kwambiri, ndipo apa padaoneka kuti wosauka nayenso adali ndi kena kake m'manja. Kulembako kudayambanso mu 1977 pansi pa dzina la Theba, koma chiwerengero sichidabwererenso pakale, mpaka zonse zidatha mu 1988 pa mkangano wa kuyeza kachirombo ka HIV.

Malawi adali ndi mwai umodzi: sachita malire ndi South Africa. Lesotho idalibe mwai wotere, pakuti South Africa idaizinga mbali zonse. Mfumu Leabua Jonathan, Nduna Yaikulu yoyamba ya dzikolo, adayamba monga bwenzi la Pretoria. Verwoerd adamtumizira chimanga mu 1965, ndipo awiriwa adakomana masiku ochepa Verwoerd asanaphedwe. Pangano la msonkho wa katundu wolowa, limene lidakonzedwanso mu 1969, lidaonjezera gawo la Botswana, Lesotho ndi Swaziland, dziko limene tsopano likutchedwa Eswatini. Kwa zaka zambiri ndalama zimenezi zinkaposa theka la ndalama zonse zimene boma la Lesotho linkapeza. Pamene Jonathan adaona kuti akugonja pa chisankho cha 1970 naimitsa malamulo oyendetsera dziko, Pretoria sidamtaye.

Koma Jonathan adasintha. Pofuna kukopa anthu ake ndi maiko ena opereka chithandizo, adayamba kudzudzula tsankho. Mu 1976 adakana kuvomereza ufulu wabodza wa Transkei, ndipo adalola othawa kwao a chipani cha ANC kukhala ku Maseru. Pamenepo dzanja lopatsa lija lidasanduka chibakera. Pa 9 Disembala 1982 asilikali a South Africa adalowa mu Maseru usiku napha anthu 42, khumi ndi awiri mwa iwo Abasotho. Pa 1 Januwale 1986 Pretoria idayamba kutsekereza katundu pa zipata za m'malire, kotero kuti mafuta, chakudya ndi mankhwala zidayamba kusowa. Pa 20 Januwale asilikali a Lesotho, motsogozedwa ndi Justin Lekhanya, adalanda boma. Zipata zidatseguka, a ANC adatulutsidwa m'dzikomo, ndipo mu Okutobala chaka chomwecho maiko awiriwa adasainira pangano lomanga madamu a ku mapiri a Lesotho, otumiza madzi ku chigawo cha Johannesburg. Ntchitoyo idakhala ikukambidwa kwa zaka zambiri, koma pangano lidatheka pokhapokha ku Maseru kutakhala boma lomvera.

Malawi sadapandukire Pretoria monga Jonathan, komabe kukhulupirika kwake sikudamteteze. P. W. Botha, amene adalowa m'malo mwa Vorster mu 1978, adalengeza mu 1979 maganizo osonkhanitsa maiko a chigawo chino mozungulira chuma cha South Africa. Maiko asanu ndi anai, kuphatikizapo Malawi ndi Lesotho, adayankha pokhazikitsa bungwe la SADCC ku Lusaka pa 1 Epulo 1980, ncholinga chochepetsa kudalira South Africa, makamaka pa za mtengatenga. Chaka chomwecho asilikali a South Africa adatenga udindo wothandiza gulu la Renamo ku Mozambique, ndipo njanji zidali pakati pa zinthu zoyamba kuonongedwa. Ya ku Beira idadulidwa, ndipo pofika 1984 ya ku Nacala nayo idaleka kufika ku nyanja. Motero dziko limene lidabwereketsa ndalama zomangira njanji ya Nayuchi ndi lomwelo limene linkapereka zida kwa amene adaisandutsa yopanda ntchito. Fodya, tiyi ndi shuga wa Malawi adayamba kuyenda pa msewu mpaka ku Durban, ulendo wotalika pafupifupi katatu, ndipo mtengo wa feteleza ndi mafuta udakwera m'midzi monse. Mu Seputembala 1986 Samora Machel, Kenneth Kaunda ndi Robert Mugabe adafika ku Blantyre kudzadzudzula Dr. Banda kuti akusunga Renamo, chinthu chimene boma la Malawi lidakana. Mu 1987 asilikali a Malawi adatumizidwa kukalondera njanji ya Nacala, ndipo m'zaka zotsatira Malawi adasunga othawa nkhondo a ku Mozambique pafupifupi miliyoni imodzi.

Ulamuliro wa tsankho udatha ndi chisankho cha Epulo 1994, ndipo ulamuliro wa Dr. Banda udatha ndi chisankho cha mwezi wotsatira. Mu Ogasiti chaka chomwecho South Africa idalowa m'bungwe la SADC, limene lidabadwa kuchokera ku SADCC. Likulu la Lilongwe lilipo, njanji ya Nayuchi ikugwiranso ntchito, ndipo madzi a ku damu la Katse akhala akubweretsa ndalama ku Lesotho kuyambira 1998. Palibe angakane kuti zinthu zimenezi zidapindulitsa eni dziko. Chimene Vorster ndi Botha sadapeze ndi chimene ankachifuna koposa: m'nthawi yonse ya ulamuliro wao, panalibe dziko lina la anthu akuda lodzilamulira limene lidatsata Malawi kusinthana akazembe ndi Pretoria. Ndipo maiko awiri amene adalandira mphatsozo adaphunzira mowawa kuti mapangano awo adalibe mphamvu pa tsiku limene zofuna za wopatsayo zidasintha, kaya wolandirayo adali atapanduka kapena adali wokhulupirikabe.