Fernando Poe Jr., Mfumu ya Kanema ya Anthu Osauka

M'dziko la Philippines, ku Asia, munali mkulu wina wosewera m'mafilimu amene anthu ankangomutchula kuti "Da King," ndiko kunena Mfumu. Dzina lake linali Fernando Poe Jr., ndipo anabadwira mumzinda wa Manila pa 20 Ogasiti 1939.

Bambo wake, amenenso anali katswiri wa mafilimu, anamwalira ndi matenda a chiwewe mu 1951. Umphawi utalowa m'banjamo, mnyamatayu anasiya sukulu nayamba ntchito yotumikira pa kampani ya mafilimu. Pambuyo pake ankalowa m'malo mwa akatswiri pojambula zochitika zoopsa. Filimu yotchedwa Lo' Waist Gang ya mu 1956 ndiyo inamutchukitsa, ndipo mu 1961 anakhazikitsa kampani yakeyake ya FPJ Productions.

Chimene chinamukondetsa kwa anthu wamba ndi mtundu wa munthu amene iye ankamuonetsa pa kanema. Kawirikawiri ankakhala munthu wosauka, wofatsa ndi wosalankhulalankhula, wopirira chipongwe cha olemera ndi akuluakulu a katangale kufikira mtima utadzaza. Mu Asedillo ya 1971 anali mphunzitsi amene anathawira kumapiri kukamenyera alimi oponderezedwa. Mu Ang Panday ya 1980 anali mmisiri wosula zitsulo, wosula lupanga lotetezera mudzi wake. Oyendetsa galimoto, ogulitsa malonda m'misewu ndi alimi opanda minda ankadziona okha mwa iye.

Chikondi chimenecho chinamutengera ku ndale. Mu 2004 anapikisana ndi Pulezidenti Gloria Macapagal Arroyo. Otsutsana naye ananena kuti sanali nzika yeniyeni popeza mayi wake anali a ku America, koma khoti lalikulu linamulola kuima nawo. Enanso anati munthu wosamaliza sukulu ndi wosadziwa za boma sangalamulire dziko. Zotsatira zitalengezedwa, iye anagonja ndi mavoti oposa pang'ono miliyoni imodzi, ndipo anakasuma kuti chisankho chinaberedwa.

Mlanduwo usanaweruzidwe, Poe anadwala matenda opha ziwalo namwalira pa 14 Disembala 2004. Anthu miyandamiyanda anadzaza misewu ya Manila pomuperekeza kumanda. Mu 2005 kunatuluka matepi a zokambirana za pa telefoni zokhudza kawerengedwe ka mavoti, ndipo Mayi Arroyo anapepesa kwa mtundu wonse chifukwa choimbira foni mkulu wa bungwe la chisankho, ngakhale anakana kuti anabera.

Boma linamupatsa ulemu wa National Artist atamwalira kale, ndipo mwana wake womulera, Grace Poe, anasankhidwa kukhala senetala mu 2013. Koma funso limene moyo wake unasiya n'lakuti: kodi amene anthu amukhulupirira pa kanema angawachotseredi umphawi atakhala pa mpando? Imfa sinalole kuti Poe aliyankhe.