Mawu tili nawo kale, katuni ndiye wachedwa

Achinyamata a ku Katoto mumzinda wa Mzuzu, amene amatumizirana tikatuni toseketsa pa WhatsApp, mwina amayesa kuti luso limeneli lidabwera ndi foni. Chithunzi choyenda ndiye chachilendo, koma phata la katuni ya nthabwala ndi mlembi komanso mawu, ndipo izi Malawi adali nazo kale. Kanema wa TVM adayamba mu 1999. Zaka za m'mbuyomo anthu ankazungulira wailesi kumvera Kapalepale ndi Pamajiga pa MBC, kumuzindikira mkulu wa mkamwa mochuluka ndi kakhosomoledwe kake basi, nkhope osaiona. Uku m'nyuzi Brian Hara ankajambula Pewani ndi Zabweka, Vic Kasinja akujambula Joza. Ojambula anali kwawo, eni mawu kwawonso.

Kunja, ntchito yolemba ndi ya mawu zidakumana mwa munthu mmodzi. Trey Parker ndi Matt Stone, amene adayambitsa South Park mu 1997, amalemba okha nkhani n'kuyankhuliranso anthu ambiri a m'katuniyo. Dan Castellaneta, mwini mawu a Homer mu The Simpsons, adalembako magawo ena. Anthu a mtundu umenewu kuno sadasowepo. Malemu John Nyanga ndi Eric Mabedi, Izeki ndi Jakobo, munthu ankawazindikira ngakhale ali kuseri kwa khomo, chimodzimodzi Michael Usi monga Manganya mu Tikuferanji. Kungoti palibe adawakhazika pamodzi ndi wojambula.

Ena anganene kuti vuto ndi ndalama, makompyuta ndi magetsi ozimazima. Akunena zoona, koma pang'ono. Gawo loyamba la South Park lidapangidwa ndi mapepala odula ndi manja, ndipo anthu adaseka chifukwa cha zoyankhulidwa. Chodandaulitsa chenicheni chikuoneka kwa anansi athu. Malenga Mulendema wa ku Zambia adalemba Supa Team 4, nkhani ya atsikana anayi a ku Lusaka, koma kuti ioneke mu 2023 padafunika kampani ya Triggerfish ya ku Cape Town ndi thumba la Netflix. Ndiye kuti kakatuni ka mphindi ziwiri mnyamata angakapange pa laputopu m'chipinda chake, koma magawo a chaka chonse amafuna wolipira alembi mwezi ndi mwezi.

Kumpoto kuli bala lina. Mu 1968 Chitumbuka chidachotsedwa pa wailesi ya boma, ndipo chidabwererapo ulamuliro utasintha mu 1994. Zaka zimene anthabwala a m'Chichewa ankanola lilime pa MBC, anzawo a Chitumbuka analibe bwalo lotere. Mlembi wa katuni wa ku Katoto lero ayenera kusankha yekha: alembe m'Chichewa kuti amveke mpaka ku Nsanje, kapena m'Chitumbuka chosakaniza chomwe makondakitala amakalipirana nacho pa depoti ya Mzuzu.