MLENDO WODZA NDI KALUMO KAKUTHWA

Munthu woyenda pa mseu wocokera ku Lilongwe kunka ku Salima, akafika pa Chezi dzuwa litapendeka, amaona anyamata akuthamangitsa mpira pa bwalo. Ena mpira wao ndi wogula, ena ndi wansanza womanga ndi luzi. Anyamatawa amadziwa maina a osewera ochuka a timu ya dziko lino, koma ndi owerengeka amene anamva za tsiku limene timuyo inagonja koposa masiku onse. Tsikulo linali la 15 October, 1962.

Mpira m'Nyasaland

Mpira wa miyendo unafala m'dziko muno ndi masukulu a mishoni. Anyamata anauphunzira ku Blantyre, ku Livingstonia ndi kwina, ndipo amene anatsiriza maphunziro a uphunzitsi anautengera ku midzi kumene anatumidwa. Motero unafika ngakhale ku mapiri a Dowa ndi Nchisi. Koma unakula ngati maungu a pa dzala, opanda mwini wowapalira. Aafrika ankasewera paokha, osati pamodzi ndi Azungu ndi Amwenye. Panalibe mpikisano wa dziko lonse, kotero kuti osewera a cigawo cimodzi sanali kudziwa bwino anzao a cigawo cina. Timu yoimira Nyasaland inkakumana ndi maiko ena mwa apo ndi apo. M'caka ca 1957 inagonja kwa Northern Rhodesia ndi zigoli 5 kwa 0.

Mpira m'Ghana

Ku Ghana zinthu zinali zosiyana. Dzikolo linalandira ufulu pa 6 March, 1957, ndipo mtsogoleri wace, Kwame Nkrumah, anaona kuti mpira ungathe kugwirizanitsa mitundu ya anthu ndi kukweza dzina la Afrika. Boma linaika munthu wina, dzina lace Ohene Djan, kuti akhale mkulu woyang'anira masewera onse. Matimu a m'mizinda yosiyanasiyana ankapikisana caka ndi caka mu mpikisano wa dziko lonse. Anakhazikitsanso timu yochedwa Real Republikans, imene inasonkhanitsa osewera aluso ocokera m'matimu ena kuti azolowerane. Wosewera wao wina, C. K. Gyamfi, anapita ku Germany mu 1960 kukasewera ndi kuphunzira, ndipo atabwerera anasanduka mphunzitsi wa timu ya dziko lao, yochedwa Black Stars.

Zipatso za nchito imeneyi zinaoneka msanga. Mu August 1962 timu ya Real Madrid ya ku Spain, imene inali itatenga cikho ca ku Ulaya kasanu motsatizana, inafika ku Accra. Masewerawo anatha molepherana, zigoli 3 kwa 3. Patangopita miyezi iwiri, Black Stars anafika m'Nyasaland.

Tsiku la Manyazi

Dzina la Ghana silinali lacilendo kwa anthu a kuno. Dr. H. Kamuzu Banda anakhala ku Kumasi kuyambira 1953 kufikira 1958, pamene anabwerera kwao kudzalimbana ndi Citaganya. Cipani cace cinapambana masankho a mu August 1961, ndipo pofika 1962 aliyense ankaona kuti kudzilamulira kuli pafupi. Anthu ankayang'ana Ghana monga mkulu wao amene anayamba kuoloka mtsinje.

Koma pa bwalo la mpira palibe cibale. Alendowo anagoletsa zigoli 12, eni dziko osagoletsa nkamodzi komwe. Masewera a mpira amatenga mphindi 90. Tsono tikagawa, ndiye kuti mpira unkalowa m'golo la Nyasaland pa mphindi 7 kapena 8 zilizonse. Timu ya dziko lino sinagonjenso motero kucokera tsiku limenelo.

Sikuti anyamata a Nyasaland anali opanda mphamvu kapena liwiro. Cimene cinasiyanitsa matimu awiriwa cinali kukonzekera. Mbali ina kunali anthu ozolowerana, okhala ndi aphunzitsi, ndalama za boma ndi mipikisano yowanola. Mbali inayo kunali osewera ocokera m'dziko limene mpira wace unali wogawikana. Komanso m'manyaziwo munali citonthozo. Masiku amenewo ena ankanena kuti Aafrika sangathe kuyendetsa zinthu zao okha. Tsono apa panafika Aafrika a dziko lodzilamulira, naonetsa luso limene anthu ambiri anali asanalionepo. Akulu anati mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa. Kalumoko kanaceka, koma kanaonetsanso mmene mpeni umanoledwera.

Ndipo Nyasaland sanali yekha wolawa mkwapulo umenewu. Black Stars anatenga cikho ca Afrika mu 1963 pogonjetsa Sudan 3 kwa 0, nacitenganso mu 1965 pogonjetsa Tunisia 3 kwa 2. M'caka comweco anagoletsa Kenya zigoli 13 kwa 2 ku Nairobi.

Ulendo Wokwera Phiri

Pa 6 July, 1964, Nyasaland anasanduka Malawi. Mu 1966 bungwe la Football Association of Malawi linakhazikitsidwa kuti liyang'anire mpira wa anthu onse. Matimu a Wanderers ndi Bullets anakula mu Blantyre, ndipo kupikisana kwao kunaturutsa osewera olimba. Mu 1978, pansi pa mphunzitsi Ted Powell, ndi osewera monga Kinnah Phiri, Malawi anatenga cikho ca maiko a kum'mawa ndi pakati pa Afrika pogonjetsa Zambia 3 kwa 2 pa bwalo la kwao. Caka cotsatira anacitenganso pogonjetsa Kenya 3 kwa 2 ku Kenya komweko.

Mu 1984 Malawi analowa koyamba mu ndime yotsiriza ya cikho ca Afrika, ku Ivory Coast. Anagonja kwa Algeria 3 kwa 0, nalepherana ndi Nigeria 2 kwa 2. Masewera acitatu, mu mzinda wa Bouaké, anali olimbana ndi Ghana yemwe uja, amene panthawiyo anali mwini cikho. Ghana anapambana ndithu, koma ndi cigoli cimodzi cokha.

Kucokera pa 12 kufika pa 1 panapita zaka zoposa 21. Mtunda umenewu sunathe ndi mwai, koma ndi bungwe limodzi, aphunzitsi, ndi kusewera kosalekeza. Mphunzitsi wa sukulu amene amatsala madzulo pa bwalo la pa Chezi, kuphunzitsa ana kupatsirana mpira m'malo mothamangira onse pamodzi, akupitiriza nchito yomweyo.