Za Maina a Cibale ndi Anthu Amene Anawalemba

Pa masiku ano a cikondwerero tirikukumbukira zakale, ndipo nkoyenera kuti tikumbukirenso cinthu cimene makolo athu anali naco asanaone buku kapena coko, ndico dongosolo la cibale. Mwana wa Mcewa amati atate kwa mbale wa atate wace, namati amai kwa mbale wa amai wace, koma mlongo wa amai wace amamucha atsibweni. Ife tiyesa ici cinthu wamba, koma anthu ophunzira a ku maiko akutali anazizwa naco zaka zambiri.

Woyamba kufunafuna nkhani yotere ndi khama anali Lewis Henry Morgan, munthu wodziwa malamulo wa ku Amereka, wobadwa m'caka ca 1818. M'caka ca 1844 anakomana ndi mnyamata dzina lace Ely Parker, wa mtundu wa Seneca, ndiwo amodzi a anthu a Iroquois amene anakhala m'dzikomo Azungu asanafike. Mnyamatayo anamlongosolera makhalidwe a kwao: kuti mwana awerengedwa wa pfuko la amace, kuti mwamuna akakwatira ankakhala m'nyumba ya kwao kwa mkazi, ndi kuti akazi akuru ndiwo asankha mafumu. Kodi mau awa sakumbutsa inu cikamwini ndi mbumba za kwathu?

M'caka ca 1858 Morgan anapeza kuti mtundu wina, wa Ojibwa, wolankhula cinenero cosiyana ndithu, unachula abale mofanana ndi Seneca. Pamenepo analemba mafunso, nawatumiza kwa amisyoni ndi anthu a boma m'maiko ambiri, kuti afunse eni dziko maina onse a cibale. Amisyoni anathandiza kwambiri pa nchitoyi, popeza ndiwo anadziwa zinenero za anthu. Mayankho ao anawasonkhanitsa m'buku lalikuru limene linasindikizidwa m'caka ca 1871.

Koma pomasulira zimene anasonkhanitsazo, Morgan anaphonya. Iye anaganiza kuti anthu ochula amuna ambiri atate ali otsalira a nthawi imene ukwati unalibe dongosolo, pamene mwana sanadziwe womubala. Ndipo m'buku lina la 1877 anaika mitundu ya anthu pa makwerero atatu, ena pansi, ena pakati, ndi mitundu yonga wace pamwamba. Ophunzira a pambuyo pace, amene anakhala m'midzi eni ace ndi kudya pamodzi ndi anthu, anakana ciphunzitso cimeneco. Palibe mwana wa Seneca kapena wa Mcewa amene asokoneza womubala ndi abale ace.

Nanga maina awa ngotani? Dzina liri lonse linyamula udindo. Wochedwa atate ang'ono ayenera kucita zautate, ndipo wochedwa amai akuru sangathe kumana mwana nsima. Atsibweni ndiwo mwini mbumba: alongo ao ndi ana a alongowo ali m'manja mwao, ndiwo aimirira pa mlandu ndi pa maliro, ndipo ufumu umapita kwa mwana wa mlongo. Ankhoswe amanga ukwati, nauciriza ukagwedezeka. Cifukwa cace mwana womwalira amace sanasowe pogona, pakuti anali nao amai ena kale, imfa isanafike.

Sitinena kuti zonse zinali zokoma. Mkamwini nthawi zina anakhala ngati mlendo pamudzi pa mkazi wace, wopanda mau pa ana ace omwe. Max Marwick, amene anakhala pakati pa Acewa a ku Northern Rhodesia, dziko locedwa Zambia tsopano, anaonetsa m'buku lace la 1965 kuti milandu yambiri ya ufiti inkabuka pakati pa abale a mbumba imodzi, polimbirana ukuru ndi cuma ca masiye.

Tithokoze kuti mbiri yathu sinalembedwe ndi alendo okha. Samuel Yosia Ntara, mphunzitsi wa Misyoni ya Nkhoma, anafunsa nkhalamba, nalemba Mbiri ya Acewa m'cinenero cathu m'zaka za m'ma 1940, ndipo bukulo linatembenuzidwa m'Cingerezi m'caka ca 1973. Iye sanasowe womasulira.

Tsono inu aphunzitsi ndi akuru a mpingo, amene muweruza nkhani za maukwati ndi za ana amasiye, nchito iyi yatsalira inu. Pitani kwa agogo akali moyo, muwafunse za mbumba yao, kumene inacokera, ndi amene anali nkhoswe yao. Mulembe zonse m'kabuku, muwerengere ana. Pakuti mwana akaiwala dzina locha nalo mbale wace, sacedwa kuiwalanso udindo umene dzinalo linanyamula.